Katundu amene azakhali anasenza kuchokera tsidya la Ruo

Amene munakulira ku Khonjeni mukudziwa kuti kwathu kuno mkazi sasiyana ndi nkhata. Ndowa ya madzi pamutu, mtolo wa nkhuni pamutu, dengu la nthochi popita kusiteshoni tsiku la sitima, pamutu pomwepo. Koma kuseri kwa nyumba ya anganga anga kunkakhala mayi ena amene sindinawaonepo atasenza kanthu. Madzi ankatungira m'zigubu ziwiri zing'onozing'ono n'kumanyamula m'manja, maulendo anayi pamene anzawo apita kamodzi. Duku sankavula, dzuwa la Okutobala liwombe bwanji. Tinkawatchula kuti azakhali ngakhale sanali magazi athu. Dzina lawo sindilemba pano.

Ife ana tinkawaseka. Ena ankati ndi ulesi, ena ankati akubisa chipere. Chichewa chawonso chinali chokhotakhota, chosakaniza Chilhomwe ndi Chipwitikizi, moti sopo ankamutchula kuti sabau. Tsiku lina anganga anandipeza ndikutsanzira mayendedwe awo, zitini ziwiri zili m'manja, anzanga akufa nazo nseko. Anandikoka khutu mpaka misozi.

"Iwe, mutu umene ukuwusekawo unasenza zimene iweyo sungasenze. Usadzayambirenso."

Sanawonjezere kanthu. Anadzandifotokozera patapita zaka zambiri, usiku umene tinkachezera pamaliro a azakhaliwo. Kuchokera pamenepo ndakhala ndikufunafuna m'mabuku kuti ndimvetse zimene ndinauzidwa usiku umenewo. Zimene ndapeza ndi zimene ndikufuna tikambirane lero. Ndichenjezeretu kuti nkhaniyi ikukhudza kugwiririra ndi nkhanza zina, ndiye ngati zikulemerani, pumani kaye, mudzabwererenso.

Ruo si mpanda

Mukatsika ndi njanji kuchoka pa Khonjeni kulowera ku Sandama mumakumana ndi mtsinje wa Ruo. Tsidya linalo ndi Mozambique, chigawo cha Zambézia, kumene kuli maboma a Milange ndi Morrumbala. Malire amenewa anagwirizana ndi Angerezi ndi Apwitikizi mu 1891, eni ake a m'mbali mwa mtsinjewo osafunsidwa. Mpaka lero anthu amawoloka pabwato kukagula chimanga, kukakwatira, kukalira maliro.

Ambiri a ife Alhomwe a ku Thyolo ndi Mulanje mizu yathu ili tsidya lomwelo. Kalembera wa 1921 anapeza Alhomwe pafupifupi 120,000 mu Nyasaland, ndipo pofika 1945 anali atayandikira 380,000. Kusukulu anatiphunzitsa kuti makolo athu anabwera kudzafuna ntchito m'minda ya azungu. Zoona ndithu, koma ndi theka la nkhani. Munthu sasiya manda a makolo ake n'kuyenda masabata ndi ana kumsana chifukwa cha ntchito yokha. Ambiri ankathawa.

Ankathawa chiyani? Apwitikizi atagonjetsa maderawo ndi mfuti, anawapereka m'manja mwa makampani monga Companhia da Zambézia. Panali msonkho wa pamutu, panali chibalo, ndiye kuti ntchito yokakamiza, panalinso mbalamatodya, chithabwa choboola mabowo chomenyera m'manja. Otolera msonkho ndi ogwira anthu a chibalo anali masupayi, apolisi achikuda otumidwa ndi mzungu. Masupayi akamalowa m'mudzi amuna ankathawira kuthengo, ndipo otsala pakhomo anali amayi ndi ana. Olemba mbiri Leroy Vail ndi Landeg White, amene anafufuza za dera la Quelimane n'kutulutsa buku lawo mu 1980, anapeza kuti zambiri zimene masupayi ndi akapitawo ankachita kwa amayi zinasungidwa m'nyimbo zimene amayiwo ankayimba okha. Mapepala a boma ankalemba kuchuluka kwa shuga ndi thonje basi.

Mu 1917 anthu a ku Barue, kumwera kwa Zambezi, anaukira Apwitikizi pa nkhondo imene akuluakulu a ku Nsanje amaitcha ya Makombe. Allen Isaacman, amene anaifufuza mozama, anasonyeza kuti chimodzi mwa zimene zinakwiyitsa anthu chinali kugwiriridwa kwa amayi ndi atsikana ndi masupayi pamene ankagwira anthu okakonza msewu. Nkhondoyo italephera, zikwizikwi anathawira ku Port Herald, kumene lero timati ku Nsanje. Chaka chotsatira, 1918, nkhondo yoyamba ya dziko lonse inalowa m'dziko la Alhomwe lenileni. Asilikali a Germany otsogozedwa ndi von Lettow-Vorbeck anamenyana ndi a King's African Rifles pa Lioma kumapeto kwa Ogasiti. Magulu onse awiri ankadya za m'nkhokwe za anthu ndi kugwira amtengatenga m'midzi imene ankadutsa.

Amayi awo a anganga anawoloka Ruo m'zaka zimenezo, ali ndi mwana kumsana. Anganga ankati mayi awowo akamva mawu oti supayi ankalavula pansi, chifukwa chake osanena.

Ndiye musaganize kuti kuno anafikira m'paradaiso. Anafikira m'thangata. Malo abwino a Thyolo anali kale m'manja mwa azungu, ndipo wobwera ankapatsidwa pomanga nyumba pokhapokha azigwira ntchito pa esiteti. Tiyi amene anayamba kudzalidwa ku Thyolo mu 1908 anakula ndi manja a anthu othawa kwawowa. Boma la atsamunda nalonso linali ndi njira yake yotolera msonkho wa nyumba: mwamuna akathawa, amesenjala ankagwira mkazi wake chikole mpaka ndalama itapezeka. Thangata anadzathetsedwa mwalamulo mu 1962. Mbali zonse ziwiri za mtsinje, wolamula akasowa mwamuna ankagwira mkazi.

1986

Tidumphe zaka. Mozambique inalandira ufulu pa 25 Juni 1975 pansi pa Frelimo ndi Samora Machel. Pasanathe zaka ziwiri nkhondo ina inayamba. Renamo inakhazikitsidwa mothandizidwa ndi akazitape a boma la azungu la Rhodesia, ndipo Zimbabwe itadzilamulira mu 1980, boma la tsankho la South Africa linatenga udindo woipatsa zida. Anthu akumidzi ankawatcha Matsanga, potengera dzina la mtsogoleri wawo woyamba, André Matsangaissa, amene anaphedwa mu 1979. Pang'onopang'ono gululi linapezanso otsatira pakati pa anthu amene anakhumudwa ndi Frelimo chifukwa chowasamutsira m'midzi ya boma mokakamiza ndi kunyoza mafumu.

Kwathu kuno chizindikiro choyamba chinali njanji. Sitima yodutsa pa Khonjeni kale inkalumikiza Blantyre ndi doko la Beira kudzera pa mlatho wa Dona Ana. Nkhondo itakula njira imeneyo inafa.

Pa 11 Sepitembala 1986 Machel, Kenneth Kaunda ndi Robert Mugabe anabwera ku Blantyre kudzakumana ndi Kamuzu Banda. Ankadandaula kuti Renamo ikugwiritsa ntchito nthaka ya Malawi, zimene boma la Kamuzu linkakana. Patangopita masabata ochepa Renamo inasefukira mu Zambézia ndi Tete, ndipo tauni ya Milange, pafupi ndi Muloza, inagwa. Inakhala m'manja mwawo mpaka 1988. Pa 19 Okutobala 1986 Machel anafa pa ngozi ya ndege ku Mbuzini.

Zimenezi ndiye zimalembedwa m'mabuku: mapulezidenti, misonkhano, matauni olandidwa. Pansi pa zonsezi panali anthu akuwoloka Ruo ndi Shire usiku, ena atavala masaka, ena makungwa a mitengo. Pofika 1992 Malawi inkasunga othawa nkhondo oposa miliyoni imodzi, pamene ifeyo kalembera wa 1987 anatipeza tili pafupifupi 8 miliyoni. Ku Nsanje alendo anachuluka kuposa eni mudzi. Kunali makampu akuluakulu monga Mankhokwe ndi Nyamithuthu ku Nsanje, Muloza ku Mulanje, Chifunga ndi Luwani kumbali ya Mwanza. Koma ambiri sanalowe m'kampu. Anangofikira m'midzi, kwa abale kapena kwa munthu aliyense wachifundo wolankhula chinenero chawo. Azakhali anali mmodzi mwa amenewa.

Nkhondo yopanda galimoto imayenda pamutu pa ndani?

Ili ndi funso limene linanditsegula maso. Gulu lankhondo la m'tchire lilibe malole, lilibe nkhokwe, lilibe malipiro. Komabe liyenera kudya tsiku lililonse, kusamutsa zipolopolo, kunyamula katundu wolanda m'masitolo kupita naye kumsasa kapena kumalire kukagulitsa. Ntchito yonseyo inkagwiridwa ndi anthu wamba, ndipo ambiri mwa iwo anali amayi, chifukwa amuna anali atathawa, ataphedwa kapena atapatsidwa mfuti.

Mu 1988 Robert Gersony, wotumidwa ndi boma la America, anacheza ndi othawa nkhondo pafupifupi 200 m'mayiko asanu, Malawi ali momwemo. Lipoti lake, limene linatuluka mu Epulo chaka chomwecho, linati madera a Renamo anali a mitundu itatu. Kwina ankangotolera chakudya ngati msonkho. Kwina ankalamulira anthu kotheratu, kuwalimitsa ndi kuwasenzetsa katundu. Kwina ankangowononga. Othawawo anafotokoza za maulendo a masiku ambiri atasenza katundu wolemera, chakudya chochepa, ndipo wolefuka panjira ankamenyedwa, nthawi zina mpaka kufa. Anafotokozanso kuti m'madera olamulidwawo atsikana ndi amayi ankayembekezeka kugona ndi asilikali nthawi iliyonse imene asilikaliwo afuna. Gersony anayerekeza kuti anthu wamba ophedwa ndi Renamo pofika nthawiyo akhoza kufika 100,000.

Ku Gorongosa, pakati pa dzikolo, dongosolo limeneli linali ndi dzina lake: gandira. Victor Igreja, wofufuza wa ku Mozambique konko, analemba kuti gandira inkatanthauza kulima, kupereka ufa, kusenza katundu, komanso kutengedwa kwa akazi kupita kumsasa. Taonani kuti zinthu zonsezi zinali m'thumba limodzi, dzina limodzi. Kugwiririra sikunali ngozi yochitika msilikali akaledzera. Kunali mbali ya mmene nkhondoyo inkadyera, inkayendera ndi mmene inkalipirira anyamata ake.

Ndisanamizire mbali imodzi. Lipoti la Human Rights Watch la 1992 linasonyeza kuti asilikali a boma nawonso ankasamutsa anthu mokakamiza, kulanda chakudya ndi kuzunza anthu wamba amene ankawaganizira kuti amadyetsa adani. Mayi wa m'mudzi wa pakati analibe kolowera. Akaphikira awa, enawo amati ndi kazitape. Akakana, imfa ili pomwepo.

Palinso china chimene ife a chikamwini tiyenera kuchimvetsa msanga. Kwa Alhomwe, Amang'anja ndi Achewa mudzi umaima pa mbumba. Munda ndi wa mkazi, ana ndi a kwa mayi, mwamuna ndi mkamwini wobwera. Wofuna kuphwasula mudzi wotere amadziwa pomenya. Mkazi akatengedwa pamaso pa mwamuna wake ndi alongo ake, iwo osatha kuchita kanthu, chimene chasweka si munthu mmodzi yekha. Banja silikhulupirirananso, ndipo ngakhale mfuti zitatonthola anthu amalephera kuyang'anana m'maso.

Zimene anganga anandiuza

Tinakhala kuseri kwa nyumba ya siwa, nyimbo zikumveka chapatali. Anganga anayamba okha, ine osafunsa.

Azakhali anagwidwa ali kumunda, akukumba chinangwa ndi mng'ono wawo. Anali ndi mwana mmodzi, woyamwa. Anthu a mfuti anawasonkhanitsa ndi amayi ena n'kuwasenzetsa katundu wolanda: matumba a chimanga, malata, mpaka mutu wa makina osokera. Azakhali anapatsidwa malata opindidwa. Nkhata inatha tsiku lachiwiri. Chitsulo chinadya tsitsi, kenako khungu, ndipo balalo linkatsegukanso ulendo uliwonse. Pamenepo tsitsi silinamerenso. Ndi chimene duku linkaphimba.

Kumsasa anawagawa ngati mmene amagawira mbuzi. Azakhali anapatsidwa kwa mwamuna wina amene ankawatchula kuti mkazi wake. Anakhala kumeneko nyengo ziwiri za dzinja. Mwana uja anamwalira panjira pa ulendo wina, ndipo sanawalole kuima kuti amuike. Mng'ono wawo anatengedwa ndi gulu lina, sanaonanenso.

Ndinafunsa kuti, "Anganga, anali a mbali iti anthuwo?"

"Mwanawe, ine ndinawafunsapo kamodzi. Anangoti onse anali ndi mfuti. Sindinafunsenso."

Anathawa usiku wa mvula atatumidwa kukatunga madzi. Anayenda masiku angapo akudya mango aawisi mpaka anafika pa Ruo, madzi ali odzaza. Mwini bwato wina anawawolotsa osalipira. Anatsata njanji kukwera mtunda, poti njanji sisocheretsa munthu, ndipo anganga anawapeza atakhala pansi pafupi ndi siteshoni atafunda chiguduli. Anawalankhula m'Chilhomwe, iwo n'kuyankha. Basi, ubale unayambira pomwepo.

Ndinkaganiza kuti nkhani yathera apo, poti munthu wafika m'dziko la mtendere. Anganga anapukusa mutu. Kuti ulandire ufa, nandolo ndi mafuta a othawa nkhondo pankafunika khadi, ndipo kuti upeze khadi dzina lako linkayenera kulowa m'kaundula. Wolemba mayina wina, Mmalawi mnzathu, anauza azakhali kuti mkazi wopanda mwamuna ndi wovuta kumulemba, pokhapokha abwere madzulo akambirane. Azakhali anabwerako opanda khadi. Sanapitekonso. Anayamba maganyu opalira ndi kuthyola tiyi nyengo ya masamba ambiri, dengu lili kumsana, poti kumsana ankatha.

Zimenezi sizinachitikire iwo okha. Mu 1991 bungwe la UNHCR linatulutsa malangizo a katetezedwe ka amayi othawa kwawo, ndipo mwa zina linavomereza kuti chakudya ndi mapepala zikamadutsa m'manja mwa amuna okhaokha, amayi amakakamizidwa kulipira ndi thupi. Timanyadira, ndipo n'koyenera, kuti Malawi wosaukayu analandira anthu miliyoni. Koma pakati pa olandirawo panalinso afisi, ndipo mbiri yoona iyenera kutchula onse awiri, anganga ndi wolemba mayina uja.

Mtendere unagulidwa ndi chete wa ndani?

Pa 4 Okutobala 1992 Joaquim Chissano ndi Afonso Dhlakama anasainirana mtendere ku Rome. Nkhondo inali itapha anthu pafupifupi miliyoni imodzi. Mwezi womwewo nyumba ya malamulo ku Maputo inakhazikitsa lamulo lokhululukira milandu ya nkhondoyo, mbali zonse ziwiri. Sipanakhale khoti, sipanakhale bungwe lomva maumboni ngati lija la Desmond Tutu ku South Africa. Anthu anauzidwa kuti aiwale, ayang'ane kutsogolo.

Sindikunyoza mtenderewo. Amene anagonapo m'tchire amadziwa mtengo wa tulo. Koma taonani mmene phindu lake linagawidwira. Asilikali oposa 90,000 anatula zida pansi pa uyang'aniro wa United Nations, ndipo analandira ndalama kwa miyezi ingapo, mbewu, makasu ndi ulendo wobwerera kwawo. Mwa onsewo akazi sanafike awiri pa 100 aliwonse. Amayi amene anasenza zipolopolo, kuphika ndi kusungidwa m'misasa sanawerengedwe ngati asilikali, poti analibe mfuti yoti apereke. Ena anatengedwa ndi amuna omwe anawagwira aja ngati akazi awo, ena anangosiyidwa. Wogwira analandira khasu, wogwidwa sanalandire kanthu.

Pakati pa 1993 ndi 1995 othawa nkhondo pafupifupi 1.7 miliyoni anabwerera ku Mozambique kuchokera m'mayiko oyandikana nawo. Azakhali anakana. Anauza anganga kuti kumudzi kwawo akakumana ndi anthu amene anaona zonse, ndipo mwina pamsika akakumana ndi mwamuna uja akugulitsa nsomba, wokhululukidwa ndi boma.

Dziko lapansi linadzuka mochedwa. Pa 2 Sepitembala 1998 khoti la milandu ya ku Rwanda, limene linkakhala ku Arusha, linapeza Jean-Paul Akayesu wolakwa, ndipo kwa nthawi yoyamba linagamula kuti kugwiririra kungakhale njira yothera mtundu wa anthu. Mu 2000 United Nations inavomereza chigamulo 1325 chonena za amayi, nkhondo ndi mtendere. Mu 2003 mayiko a Africa anagwirizana pangano la ufulu wa amayi, limene ndime yake ya 11 imakamba za kuteteza amayi pa nkhondo. Mukudziwa kumene analisainira? Ku Maputo. Koma malamulo onsewa sabwerera m'mbuyo kukafika pa munda wa chinangwa uja.

Komabe zimene boma linakwirira sizinagone. Igreja analemba kuti nkhondo itatha, ku Gorongosa kunabuka mizimu yatsopano yotchedwa magamba, imene anthu amati ndi ya asilikali ofera kunkhondo. Kawirikawiri imagwira akazi. Kuti wodwala achire, abale ake amayenera kusonkhana kwa sing'anga, mzimuwo n'kufotokoza poyera zimene zinachitika nthawi ya nkhondo, ngakhale zochititsa manyazi, monga za achibale amene anapereka mwana wamkazi kuti iwo apulumuke. Kaya inu mumakhulupirira mizimu kaya ayi, mfundo yake ndi yomveka. Anthu anadzipangira bwalo lawo pamene boma linakana kuwapatsa.

Azakhali analibe bwalo lotere. Anali ndi anganga basi, ndi mtondo umene ankasinjira limodzi.

Si nkhani yakale

Mwina mukuti izi ndi za makolo, ife tinabadwa mfuti zitatonthola. Tiyeni tiwerenge.

Mu 2016 anthu oposa 10,000 ochokera ku Tete anathawira pa Kapise ku Mwanza, mkangano wa Renamo ndi boma utayambiranso. Ambiri anauza ofufuza za ufulu wa anthu kuti ankathawa asilikali a boma, ndipo anatchula kuwotchedwa kwa nyumba, kuphedwa kwa anthu ndi nkhanza zogonana. Kampu ya Luwani inatsegulidwanso. Ku Cabo Delgado, kumpoto kwa Mozambique, kwakhala nkhondo kuyambira 2017, ndipo mu Disembala 2021 Human Rights Watch inati zigawenga kumeneko zinali zitaba amayi ndi atsikana oposa 600 kuyambira 2018. Kumapeto kwa 2024, zipolowe za chisankho zitabuka, anthu zikwizikwi anawolokanso kulowa ku Nsanje, ndipo dzina loti Nyamithuthu linamvekanso pa wailesi. Ku Congo, kumene asilikali athu akhala akutumizidwa kukasungitsa mtendere, dokotala Denis Mukwege wakhala akusoka matupi a amayi ogwiriridwa pa chipatala cha Panzi ku Bukavu kuyambira 1999, ntchito imene inamupatsa mphoto ya Nobel mu 2018.

Kwathu kuno sitinakhalepo ndi nkhondo yapachiweniweni, koma khalidwe lija silidikira nkhondo yeniyeni. Mu Okutobala 2019, wapolisi ataphedwa pa zipolowe ku Msundwe, amuna a m'deralo anathawa, ndipo amene anatsala pakhomo mukuwadziwa kale. Mu Ogasiti 2020 khoti lalikulu ku Lilongwe linalamula kuti amayi ndi atsikana 18 a ku Msundwe, M'bwatalika ndi Mpingu alipidwe chipukuta misozi chifukwa cha nkhanza zimene apolisi anawachita. Ndipo m'minda ya tiyi imene tikuiona tikadzuka m'mawa, mu 2021 kampani ya Camellia ya ku Britain, mwini wa Eastern Produce Malawi, inagwirizana zolipira pa madandaulo a amayi 36 amene anati anachitidwa nkhanza zogonana pa ntchito, ngakhale kampaniyo sinavomere mlandu.

Supayi, msilikali wa m'tchire, wolemba mayina, wapolisi, kapitawo. Mayunifolomu ndi osiyana, zaka ndi zosiyana, ndipo sindikunena kuti kuthyola tiyi n'chimodzimodzi ndi kukhala kumsasa wa zigawenga. Chofanana n'chakuti mwamuna wapatsidwa mphamvu pa chakudya, ntchito kapena moyo wa mkazi, ndipo akudziwa kuti palibe amene adzamufunse. Kusiyana kwa amayi a ku Msundwe ndi azakhali n'kwakuti iwo anapeza maloya achizimayi amene anawaimira, nkhani yawo n'kulembedwa m'buku la khoti. Zimenezo si zazing'ono.

Tichite nayo chiyani mbiri imeneyi?

Chaka chilichonse timapita kwa Chonde kukavina tchopa, kudya kalongonda ndi kunyadira kuti ndife Alhomwe. Ndi bwino, makamaka tikakumbukira kuti makolo athu ankanyozedwa ndi dzina lachipongwe mpaka Lewis Bandawe ndi anzake analimbana nalo m'zaka za m'ma 1940. Koma tikamafotokoza za ulendo wochoka ku phiri la Namuli timatchula mafumu amene anatsogolera. Amene anasenza mbewu, miphika ndi ana sitiwatchula, ndipo chimene ankathawa timachidumpha.

Amayi amene anawoloka mu 1986 ali atsikana, lero ali ndi zaka za m'ma 50 ndi 60. Alipo ku Khonjeni, ku Sandama, ku Thekerani, ku Muloza. Ena ndi amayi anu, ena ndi apongozi anu, ena amakugulitsani zitumbuwa. Sindikuti muwathamangire ndi foni kuti akufotokozereni muike pa TikTok. Chonde musatero. Nkhani ndi yawo, ndipo kukhala chete ndi ufulu wawonso. Inenso ndalemba izi mwini wake atapita, anganga atandiloleza, dzina ndabisa. Chimene tingachite n'kukhala anthu oti munthu angatiuze kanthu osaopa kusekedwa. Mayi wachikulire akayamba yekha kukamba za nthawi ya nkhondo, tsitsani voliyumu, ikani foni pansi, musamudule ndi mafunso ofuna kudziwa zonyansa. Ndipo mtsikana wa lero akanena kuti wina wamuchita zoipa kuntchito, kusukulu kapena kupolisi, tisayambe ndi kufunsa kuti anavala chiyani, kapena kuti bwanji wanena mochedwa. Azakhali anatenga zaka kuti auze munthu mmodzi. Akulu anati chaona mnzako chapita, mawa chili pa iwe, ndipo Ruo ndi mtsinje woti munthu amawoloka mbali zonse ziwiri.

Tsiku loika maliro, amayi osambitsa thupi anatuluka m'nyumba ali chete. Mmodzi wa iwo, amene ankawaseka nafe limodzi kale, anakhala pansi pa mtengo wa mango n'kulira kuposa wina aliyense. Anali ataona pamutu paja. Anganga anatulutsa duku latsopano limene anasunga m'sutikesi, analowa okha n'kukawamanga.

Zigubu ziwiri zija zikadali kwathu. Mdzukulu wina wa anganga amatungira madzi othirira tomato, ndipo sadziwa kuti zinali za ndani. Akakula pang'ono ndidzamuuza.